Chipanda cha Mjeremani

Pa doko la Liwonde, zaka zimenezo mlatho kulibe, Sadiki ankawolotsa anthu pa Shire ndi bwato. Anali Msilamu wosadumpha swala, mowa sankaudziwa ndi fungo lomwe. Akwawo kwa Zaina, mtsikana wa ku Kasupe, anali atavomera kuti ndowa, ukwati wa Chisilamu, idzachitike chaka chinacho akakolola.

Kenaka kunatulukira Mjeremani wojambula kanema. Ankati kwawo anali katswiri, nkhani ankalemba yekha, koma nkhondo itamutenthera zonse anayamba kuyendayenda ndi makina ake m'maiko a eni. Ankafuna munthu wosewera ngati mlimi chidakwa, amene munda ukulowa thengo iye ali pa mowa.

"Nkhope yako ndi yabwino," anauza Sadiki kudzera mwa womasulira. "Nyasalande yense adzakuona pansalu."

Mutu wa Sadiki unakula pomwepo. Amalume ake, Che Bakari, atamva anangopukusa mutu.

"Iwe, mzungu ameneyu mawa akwera sitima. Wotsala ndi anthu ndiwe."

"Mjomba, m'chipandamo muzikhala madzi okhaokha. Ndi masewero chabe."

"Nanga pansalupo madziwo adzawalawa ndani?"

Sadiki anaseka, nati akuluakulu amaopa ndi chithunzi chomwe. Anasewera ndi mtima wonse. Anagugudiza chipanda, nadzandira, nagwa chafufumimba m'mizere ya chimanga cha eni. Mjeremani anawomba m'manja, namubwerezetsa kangapo, kenaka analongedza makina ake n'kupita osatsanzika.

Chimanga chitayamba kuuma, galimoto ya kanema inafika ku Kasupe. Anthu anadzaza bwalo, Zaina ndi abale ake ali momwemo. Sadiki atagwa pansalupo bwalo lonse linafa ndi phwete. Zaina yekha anafunda mpango kumaso.

M'mawa mwake Che Hamadi, amalume a Zaina, anafika padoko. Salamu sanapereke.

"Za ndowa ija muiwale, Che Sadiki."

"Bambo, anali madzi! Funsani aliyense!"

"Tifunsenso ndani, maso tili nawo? Iyayi. Munthu wosamwa sangadzandire mwaluso chonchija. Munaphunzira kuti?"

Mboni ya Sadiki inali itawoloka nyanja, ndipo womasulira uja palibe ankadziwa kumene analowera. Che Bakari anayesa kukapepesa ku Kasupe, koma anabwerako ndi manyazi okhaokha.

Zaina anakwatiwa ndi telala wa ku Balaka. Mjeremani, tikumva, anakalemera ndi kutchuka kwawo, monga achitira anthu otere. Za Sadiki sanazikumbukenso. Galimoto ija inazunguliradi Nyasalande yense monga analonjezera, ndipo mpaka Sadiki anamera imvi, okwera bwato ankafunsana monong'ona ngati wopalasayo sanalawe lero.

Zonyezimira za alendo muzizipenya kawiri. Akale sananame: chakomachakoma, pusi anagwa chagada.