Nkhoswe ya Maluwa a Mkhalapano

Amene anandisimbira nthanoyi anati kutali, pakati pa nyanja yamchere, pali kachilumba komwe Nkhanu ndi Buluzi ankakanganirana kachitsamba kotchedwa mkhalapano. Kanali ndi timaluwa tofiira, ndipo Namalenga sanakadzale kwina kulikonse padziko. Chaka chilichonse kankauma, n'kumeranso kuchokera ku njere. Mizu yake ndiyo inkagwira dothi la una wa Nkhanu, momwe munali ana ake.

Nkhanu ankaipidwa akaona Buluzi akulowetsa mutu m'duwa lililonse. "Wakuba iwe, choka pano!" anakuwa tsiku lina, zopanira zili m'mwamba. Buluzi, wosakonda zolongolola, anangosamukira kumatanthwe.

Maluwa anakongola, koma anayamba kuyoyoka osabereka. Nkhanu ankawasuzumira limodzilimodzi, mutu utaima. Madzi analipo, dzuwa linalipo. Nanga chinasowa n'chiyani? Popanda njere, mvula ikanadzakokolola una wake pamodzi ndi ana.

Kenaka kunatera Namzeze, mlendo wa mafunso osatha.

"Achimwene, kodi maluwa anuwa amayenderedwa ndi yani? Kwathu ndi njuchi."

"Kuno njuchi sizifika," anayankha Nkhanu. "Kunali wakuba yekha, ndinamupirikitsa."

"Ankachoka atanyamula chiyani?"

Nkhanu anaganiza. "Palibe. Ankangotuwa kumphuno ndi kaufa kachikasu, n'kukalowa m'duwa lina."

Namzeze anaseka mpaka mapiko kulefuka. "Ogo! Munapirikitsa nkhoswe! Kaufako ndi mawu ochokera kuchimuna kupita kuchikazi. Unamangidwapo ukwati wopanda nkhoswe?"

Nkhanu anakwera kumatanthwe, manyazi ali tho. "Ankhoswe, ndinakulakwirani. Maluwa atsala ochepa, tiyeni mukatithandize."

"Dzulo wakuba, lero ankhoswe?" anafunsa Buluzi, diso limodzi lili chitsinzire. "Nanga timadzi totsekemera ndinkanyambita tija?"

"Nkhoswe sichoka paukwati ndi njala," anatero Nkhanu motsitsa mawu.

Buluzi anatsika, nayendera maluwa otsalawo, ndipo maluwawo anabereka njere. Mvula itagwa, mbali ina ya una inagumuka ndithu, koma mwa chisomo cha Namalenga tinjere tinamera, mizu inagwira, ana anapulumuka. Akuti n'chifukwa chake mpaka lero Nkhanu amayenda cham'mbali: amapatukira ankhoswe kuti adutse.

Phunziro: Usanapirikitse amene akudya pakhomo pako, yamba wafunsa chimene amasiyapo.