Ulaliki Umene Gwenda Anadula

M'kachipinda kodulira filimu, pamwamba pa shopu ya buledi ku Sheffield, munali mipando iwiri. Wina unali wa Desmond Ackroyd, amene ankalemba yekha nkhani za mafilimu ake n'kutsogoleranso pojambula. Winawo unali wa Gwenda Pryce, mayi wa ku Wales, amene kwa zaka zambiri ntchito yake inali kusankha zithunzi zojambulidwazo, kulumikiza zabwino ndi kutaya zotsala.

Mafilimu awiri omaliza a Desmond anali atagwa chagada. Eni ndalama zopangira mafilimuwo anamuuza mosapsatira kuti yachitatu ikapanda kukopa anthu, asadzagogodenso pakhomo pawo. Choncho anaika mtima wake wonse pa nkhani ya bambo ake, amene anakalambira m'fakitale ya zitsulo. Kumapeto kwa filimuyo mwana amaimirira m'tchalitchi pa maliro a bambo ake n'kulankhula nthawi yaitali, kuyamikira malemuwo. Anali mawu amene Desmond mwiniwake analephera kunena tsiku loika bambo ake.

"Apa tidule," anatero Gwenda, akuviika bisiketi mu tiyi.

"Tidule pati?"

"Ulaliki wonsewu. Mwanayu akamanyamula nsapato za bambo ake pakhomo paja, anthu alira kale. Ukufuna alire kawiri pa tikiti imodzi?"

"Gwenda, mtima wa filimu ndi umenewu."

"Ndi mtima wako, Des. Wa filimu tawudutsa kale."

Desmond anaumitsa khosi. Anakaonetsa filimuyo kwa anzake a ku London, ndipo onse anamugwira dzanja. "Zogwira mtima, Des, zogwira mtima zedi." Anthu a kumeneko angalole kumeza munga kusiyana n'kuuza munthu pamaso kuti walakwitsa, ndipo Desmond ankadziwa zimenezi bwino lomwe, koma khutu limakonda uchi. Atabwerako analankhula ndi Gwenda mwaulemu wozizira umene sanaugwiritsepo ntchito kwa iye.

"Mwina mwatopa, mayi Pryce. Kapumeni, ndimaliza ndi wina."

Gwenda anavala jekete lake n'kutuluka. Amene analowa m'malo mwake anali munthu wa "inde bwana", ndipo ulaliki unakhala momwemo, wonse wathunthu.

Filimu isanatulutsidwe, amayamba aionetsa kwa anthu wamba osadziwa kalikonse za iyo. Anasankha holo ina ku Rotherham, Loweruka masana. Desmond anakhala kumbuyo kwenikweni. Pa nsapato paja holo yonse inangoti zii, ndipo chimunthu china cha mapewa ngati chitseko chinapukuta maso ndi chipewa. Kenako ulaliki unayamba. Wina anatsokomola. Mipando inayamba kulira. Mayi wina anawerama kufunafuna ambulera yake, ndipo nkhalamba imene inali kutsogolo kwa Desmond inanong'oneza mkazi wake mokweza:

"Kodi bambowa alowa liti m'manda? Basi yathu itisiyatu."

Potuluka, woimira eni ndalama anangoti, "Tikambirana Lolemba," osamuyang'ana m'maso.

M'mawa mwake Desmond anapita kukadimba ka Gwenda, kuseri kwa njanji. Anam'peza akukumba mbatata, mvula ikuwaza.

"Wabwera kudzandiuza kuti anaimirira n'kuwomba m'manja?"

"Anatsokomola."

"Onse?"

"Amene sanagone."

Gwenda sanaseke, ngakhale mpata unalipo. Anakutumula dothi pa mbatata imodzi n'kuiponya m'ndowa.

"Mawu aja si oipa, Des. Ukawanene kumanda kwa bambo ako, ndi iwo akuwadikira. Anthu a m'holo ali ndi abambo awo. Asiyire malo awakumbukire."

Desmond anaima mvula ikutsikira m'khosi mwake. "Ndinakuchotsa ngati galu, Gwenda."

"Galu ukanam'patsako fupa. Gwira ndowayo, timalize mzerewu tizipita."

Tsiku lomwelo ulaliki unadulidwa. Filimu inathera pa mwana atanyamula nsapato, osanena kanthu. Eni ndalama ataionanso anayamba kukambirana za tsiku loitulutsa. Inayenda m'matauni a mafakitale, kenako dziko lonse, ndipo khomo limene linatsala pang'ono kutsekeka linakhala lotsegula. Desmond anapanganso mafilimu ena mpaka imvi zinamuyera mbuu, ndipo palibe ngakhale imodzi imene inatuluka isanadutse m'manja mwa Gwenda. Ankakanganabe, nthawi zina Desmond n'kupambana, koma sanamutchulenso kuti mayi Pryce.

Gwenda atapuma pa ntchito, anzake anamukonzera kaphwando. Anapempha Desmond kuti alankhule, ndipo anthu anakhazikika bwino poyembekezera mawu ambiri. Iye anaimirira, tambula ili m'manja.

"Ambiri mwa inu munandiyamikira, ndipo zikomo. Uyu yekha ndiye anandikaniza. Pakanapanda iyeyu, ntchito ndikanaisiya kalekale."

"Dula pomwepo," anatero Gwenda.

Desmond anakhala pansi. Akuluakulu sananame: wakutsina khutu ndi mnansi.