Enelesi Amene Anaika Amayi Ake Kawiri

Ana inu, mwambi uliwonse uli ndi kwawo, ndipo uwu kwawo ndi m'minda ya tiyi.

Pa esiteti ina ku Thyolo panali mayi wothyola tiyi, dzina lake Enelesi Mulipa. Tsiku lina pobwera ku maliro anapeza kalata yomuchotsa ntchito. Bwana wa pamenepo, mzungu amene Chichewa chake chinathera pa "zikomo", anaona m'mafailo kuti chaka chathacho Enelesi anapempha masiku atatu okaika amayi ake, ndipo chaka chino wapemphanso okaika amayi ake. Munthu mmodzi kuika amayi kawiri? Bwanayo anati limeneli ndi bodza.

Enelesi zinamupweteka kwambiri. Ntchitoyo ndiyo inkadyetsa ana ake, ndipo kutchedwa wabodza pa maliro a munthu amene anamulera kunamuwawa kuposa njala.

M'munsi mwa kalatayo analemba kuti wosakhutira achite apilo ku komiti ya pa esiteti pasanathe masabata awiri. Koma mchimwene wake Dafuteni, munthu wa mtima wapachala, sanafune n'kumva komwe.

"Achemwali, komiti ndi anthu a bwana yemweyo," anatero Dafuteni. "Mlandu uwu ngwa kukhoti ku Blantyre."

Awiriwo anapita, analembetsa mlandu, anabwerera, anapitanso. Kutatsala tsiku limodzi kuti masabata awiri akwane, anaima pamaso pa woweruza.

"Mayi, apilo munachita?" anafunsa woweruzayo.

"Ayi bwana, tinangobwera kuno."

"Ndiye mwalumpha khomo. Kayambeni kwanu. Akakapanda kukumverani, ndiye mudzabwere."

Awiriwo anabwerera ku Thyolo tsiku lomwelo.

M'mawa mwake Enelesi anayenda mtunda wosatopetsa ngakhale nkhuku, nakafika pa shedi pamene komiti inakhala, bwana uja ali pomwepo. Anaimirira nafotokoza za maliro awiri aja.

"Oyambawo ndi amene anandibereka. Awa ndi mng'ono wawo, amene anandilera. Kodi ndikanawatchula kuti ndani? Kwathu onse ndi amayi."

Kapitawo wina wachikulire wa m'komitiyo, Mayi Nachuma, anatembenukira kwa bwana uja.

"Bwana, ine ndaika amayi anga katatu, ndipo ena akadali moyo ku Luchenza. Kapena nanenso mundichotse?"

Shedi yonse inafa ndi kuseka. Atamumasulira, bwanayo anafiira mpaka m'makutu, napepesa, nang'amba kalata ija pamaso pa anthu. Nthungululu zinamveka mpaka kumizere ya tiyi, ndipo Enelesi anabereka dengu lake tsiku lomwelo, mutu uli m'mwamba.

Madzulo anauza mchimwene wake akumwetulira kuti, "Achimwene, ku Blantyre tinathamanga, koma kufika ndafikira pa shedi."

Mawu amenewo ndiwo anabala mwambi wakuti, "Kuthamanga sikufika." Ukalakwiridwa usakhale chete, koma yamba wagogoda pakhomo lapafupi. Wolumpha khomo limenelo amangotopa, kenako amabwezedwa kuti akayambire pomwepo.