Mchenga Umene Unakana Moto

Kalekale, m'mudzi wina wa patsinde pa phiri, munali mkamwini wosula makasu, dzina lake Chikaonda. Mkazi wake anali Nankhoma.

Tsiku lina mvula itakata, Chikaonda anapeza mchenga wachilendo kudambo. Unali wakuda, wolemera, wopanda dzimbiri. Pa dzuwa unkanyezimira mofiirira.

"Amenewa ndi makasu osatha," iye anatero, nasiya miyala ya kuphiri imene ankasungunula masiku onse.

Anauthira m'ng'anjo, napopa mvukuto. Chitsulo osatuluka. Anawonjezera makala. Chitsulo osatuluka. Anapopa mpaka manja matuza, koma mchenga unangokhala mchenga.

Tsono kalelo, ana anga, ng'anjo ikakana, anthu ankati mkazi wa wosulayo wayenda njira zachigololo. Chikaonda anaitanitsa mkazi wake pabwalo la milandu.

"Nankhoma, unali ndi yani?"

"Ndinali ndi mtondo wanga, bambo," anayankha chapansipansi.

Anthu anaseka, ena anayang'ana kumbali. Nankhoma ananyamula mphasa yake, nabwerera kunyumba ya mayi ake. Kuchitsime akazi anzake ankamutalikira.

Mlongo wake wa Nankhoma, Thawale, nayenso ankasula, ndipo anali mbeta yamphongo.

"Alamu, ndigawireniko mchengawo," anatero. "Ine ndilibe mkazi wondiwonongera moto."

Thawale anawotcha mchenga uja m'ng'anjo yake anthu akuona. Chitsulo osatuluka. Kenako anathira miyala ya kuphiri m'ng'anjo ya Chikaonda yomweyo, ndipo chitsulo chinatuluka bwinobwino.

"Kapenatu mchengawu ndiwo uli ndi chibwenzi, alamu," anatero Thawale.

Chikaonda anadzitsekera m'nyumba. Sanadye, sanasule, sanayankhe odi. Koma m'mawa uliwonse ankapeza pakhomo madzi ofunda ndi timasamba topaka pa matuza. Ankadziwa kuti wobweretsa anali Nankhoma, ndipo manyazi ankakula.

Potsiriza anagwira nkhuku, nakagwada kwa apongozi.

"Nankhoma, ndinalakwa."

"Nkhuku ndalandira, bambo. Koma dzina langa munalitaya pabwalo. Kalitoleni pomwepo."

Chikaonda anaima pabwalo, mutu uli pansi. "Mkazi wanga alibe mlandu. Ine ndine ndinatola chinthu chosachidziwa."

Nankhoma anabwera kudzaima pambali pake kuti asaime yekha.

Choncho, ana anga, chinthu chikakukanikani, yambani mwafufuza chimene mwanyamula musanaloze chala munthu. Nthano yanga yathera pompa. Kaphuleni mbatata zisanapserere.