A Pamwezi ndi Ngongole ya Zaka Makumi Atatu

Ku galaja ya kampani ya mabasi kunali makaniko wina amene anzake ankawatcha a Pamwezi. Dzinalo silinagwe kumwamba. Ukawauza mtengo wa chinthu, kaya firiji, kaya mipando ya pabalaza, ankangokuyang'ana ngati walankhula chinenero cha mbalame. Funso lawo linali limodzi: "Nanga pamwezi ndi zingati?" Akamva kuti pamwezi n'zochepa, nkhani yatha, bweretsani cholembera.

Koma pa ntchito yawo musawaderere. Injini ikatsokomola kumapeto kwa galaja iwo ali pansi pa basi ina, ankangosuzumira n'kunena kuti, "Imeneyo ndi pampu, musavutike kumasula zina." Ndipo inkakhaladi pampu. Girizi anawalowa mpaka m'mizere ya zikhatho, ndipo ankamunyadira ngati mendulo.

Akazi awo anali telala. Ankasokera pakhonde la nyumba ya lendi, tepi ili m'khosi, mapini ali pakamwa. Iwo lamulo lawo linali losiyana ndi la amuna awo: nsalu sadula asanaone pomwe yathera.

A Pamwezi atakwanitsa zaka makumi anayi ndi chimodzi, anamva kuti pali nyumba yogulitsa mumsewu umene anakuliramo. Msewuwo kale unali wa mitengo yamthunzi, anthu ankapatsana moni podumphitsa mawu pamwamba pa maluwa. Tsopano mitengo anadula, m'malo mwake munamera mipanda ndi mageti, ndipo munthu amadziwika ndi kutalika kwa khoma lake. Komabe mtima wawo unali komweko. Ndalama zimene banjalo linasunga zinakwanira chikole chokha, choncho mamiliyoni 20 otsalawo anakawapempha ku banki.

Kalaliki wa ku banki, mayi wa magalasi okhuthala, anawayalira mapepala awiri pa tebulo.

"Ili ndi la zaka khumi ndi zisanu, pamwezi muzipereka 240,000. Ili ndi la zaka makumi atatu, pamwezi 206,000."

"Mwamva, amayi?" anatero a Pamwezi akugunyuza akazi awo ndi chigongono. "Nyumba yomweyo, zitseko zomwezo, koma apa tikutsala ndi 34,000 m'thumba mwezi uliwonse. Ndani angasiye njira yotsetsereka n'kukwera phiri?"

"Nanga zonse pamodzi zikhala zingati?" anafunsa akazi awo.

Kalalikiyo anatembenuza tsamba, chala chake chikutsikira kumunsi kumene kunali manambala ang'onoang'ono. A Pamwezi anaphimba tsambalo ndi dzanja lawo lalikulu.

"Amayi, ino si nsalu yoti muyeze ndi tepi. Munthu salandira malipiro a zaka makumi atatu tsiku limodzi. Amalandira pamwezi, amadya pamwezi, amalipira pamwezi. Bweretsani cholembera."

Anasaina ndi dzanja lolimba, mpaka pepala kutsala pang'ono kubooka. Akazi awo anasainanso, chifukwa si bwino kukokanakokana ndi mwamuna pamaso pa anthu.

Ndalama zija zotsala m'thumba sizinachedwe kupeza ntchito. Poyamba zinamanga geti. Linali geti lachitsulo, lalitali kuposa onse mumsewumo, lokhala ndi mikondo yopaka utoto wagolide pamwamba. Kenako zinagula kagalimoto, nakonso kolipira pamwezi. Loweruka lililonse a Pamwezi ankatsuka kagalimotoko geti lili chitsegukire, kuti odutsa aone kuti mwana wa mumsewu uno wabwerera ngati mwini nyumba. Ndipo kunena zoona, kwa zaka zisanu ndi ziwiri sanaphonyepo mwezi ngakhale umodzi. Tsiku lolandira malipiro likafika, banki inkatenga zake iwo asanagule ngakhale sopo. Zimenezi ankazinena kulikonse, ngakhale kwa amene sanawafunse.

Amene anautsa mavu anali mlamu wawo, mchimwene wa akazi awo, woyendetsa malole wapakamwa ngati lumo. Anabwera kudzacheza Lamlungu lina masana, n'kuima pageti akugogoda chitsulo ndi kiyi.

"Odi kuno! Kodi alonda alipo?"

"Alonda ake ati, alamu?"

"Inuyo. Nyumbayi si ya banki? Akulembani ntchito yowalondera, koma malipiro mukuwapatsa ndinu. Ntchito yabwino bwanji! Mundifunsireko malo."

A Pamwezi anaseka, koma kuseka kwa mano okha. "Alamu, zaka zisanu ndi ziwiri ndalipira. Mwa zipinda zinayi za nyumba ino, chimodzi ndi changa kale, mwina ndi khonde lomwe. Mawa ndikakutengerani pepala, mudzaliwerenge mutavula chipewa."

M'mawa mwake anapempha chilolezo kuntchito, anavula ovololo, n'kupita ku banki atavala malaya osita. Anapeza mayi yemwe uja, magalasi atakhuthalirako. Mayiyo anasindikiza pepala n'kuwapatsa. A Pamwezi analiwerenga, analitembenuza, analiwerenganso.

"Mayi, makina anuwa afunika makaniko. Apa palembedwa kuti ndatsala ndi mamiliyoni 19 ndi zakumwamba."

"N'zoona, bambo."

"Ndinakongola 20. Ndakupatsani kale oposa 17. Ine sukulu sindinapite patali, koma kuchotsera ndimadziwa."

"Zambiri mwa zimenezo zinali chiwongoladzanja, bambo. Chimawerengedwa mwezi uliwonse pa ngongole yonse imene yatsala. Ngongole ikakhala yaikulu, chiwongoladzanja chimadya pafupifupi zonse zimene mwabweretsa. Mwezi woyamba uja munapereka 206,000, koma zimene zinachepetsa ngongole sizinakwane 6,000."

"Nanga ndikadzamaliza ndidzakhala nditapereka zingati?" Funsoli linawatuluka movutikira, ngati bawuti yadzimbiri.

Mayiyo anatulutsa pepala lakale lija, n'kuloza kumunsi kwa tsamba lachiwiri, pomwe dzanja lawo linaphimba tsiku lija. Panalembedwa mamiliyoni 74. Pa pepala la zaka khumi ndi zisanu akanapereka 43.

Anatuluka m'bankimo. Ali m'njira anawerenganso china chimene sanachiwerengepo. Kampani imapumitsa anthu ntchito pa zaka makumi asanu ndi limodzi. Ngongoleyo ikanatha iwo ali ndi zaka makumi asanu ndi awiri kudza chimodzi. Ndiye kuti zaka khumi ndi chimodzi azidzalipira ndi penshoni ya makaniko, imene singakwane ngakhale theka. Anaona m'maganizo mwawo anthu a banki akumata chipepala chogulitsa nyumba pa geti lawo la mikondo yagolide, mumsewu wa kwawo, anthu onse akuona.

Anapeza akazi awo akupinda mpendero wa diresi. Anaika pepalalo pa makina osokera. Mayiwo analavulira mapini m'dzanja, anawerenga mpaka pansi monga mwa chizolowezi chawo, kenako anatsegula kabati n'kutulutsa riboni yofiira. Anayeza mita imodzi, n'kudula.

"Abambo, gwirani uku. Iyi ndi ndalama imene mwapereka mwezi uno." Anayeza masentimita asanu ndi imodzi kumapeto, sizasi n'kulira kamodzi. Kachidutswa kaja anakaika m'chikhatho cha amuna awo. "Aka ndiye ka nyumba yathu. Yonse yatsalayi ndi ya banki."

A Pamwezi anakayang'ana kachidutswako. Sikanafike ngakhale kutalika kwa chala chawo.

"Kilachi yatha," anatero motsitsa mawu. "Injini ikulira, mafuta akupsa, koma basi ili pomwepo. Zaka zisanu ndi ziwiri ndakhala ndikuponda moto basi isakuyenda. Ine, makaniko!"

Anadikira kuti amve mawu aja amene mwamuna aliyense amawaopa, akuti ndinanena ine. Koma akazi awo anangobwezera tepi m'khosi.

"Ndiye makaniko amatani kilachi ikatha? Amakhala pansi n'kumalira?"

Mawu amenewo anawalasa pamalo oyenera. Kunyada kuli ngati moto, kumaotcha nyumba, komanso n'komwe kumaphika chakudya. Tsiku lotsatira anabwereranso ku banki, ulendo uno ndi akazi awo patsogolo. Amayiwo ndiwo anafunsa mafunso: ngati munthu awonjezera ndalama pamwamba pa za mwezi, zimapita kuti? Pali chindapusa? Kalalikiyo anayankha kuti pa mgwirizano wawo chindapusa panalibe, ndipo chilichonse chowonjezera chimadula ngongole yeniyeniyo, chiwongoladzanja cha mwezi wotsatira n'kuchepa. Anawerengera pa makina ake n'kunena kuti akamawonjezera 50,000 mwezi uliwonse, adzamaliza m'zaka zosakwana khumi ndi ziwiri m'malo mwa makumi awiri ndi zitatu zimene zinatsala.

"Mulembe zimenezo," anatero a Pamwezi. "Ndipo ndiwerenga mpaka pansi."

Kagalimoto kaja anakagulitsa sabata yomweyo, n'kubwerera ku basi ya antchito, kumene anzawo anawalandira ndi nthungululu zachipongwe. "Bwana atsika! Apatseni mpando wakutsogolo!" Iwo anangokhala, chikwama cha masipanala chili pamiyendo. Loweruka geti linkatsegukabe, koma tsopano pabwalo pankalowa magalimoto a anthu odzakonzetsa mabuleki. Akazi awo anapeza oda yosoka mayunifolomu a sukulu, makina n'kumalira kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka. Poyamba a Pamwezi anakana ndalama za telala, amvekere nyumba amagula ndi mwamuna.

"Ndiye pa pepala lija ndinasainiranji?" anafunsa amayiwo. "Kapena munanditenga kuti ndikakongoletse ofesi?"

A Pamwezi anatambasula dzanja. Analandira.

Si miyezi yonse imene inali yofewa. Chaka china denga linadontha ndipo anawonjezera 20,000 yokha kwa miyezi itatu, kenako anabweza kusiyanako mvula itatha. Utoto wagolide unasuluka pa mikondo ya geti, ndipo palibe anaupakanso. Koma mwezi uliwonse pepala la ku banki likabwera, amayiwo ankayeza riboni, n'kudula gawo la nyumba, n'kuliponya m'chitini cha mabatani. Zidutswazo zinayamba kutalika. Cha chala chinasanduka cha chikhatho, cha chikhatho chinafika pa chigongono. A Pamwezi, amene kale sankafuna kuona tsamba lachiwiri la chilichonse, anayamba kufika kunyumba akufunsa ali pakhomo kuti, "Lero tadula zingati?"

Kutatsala miyezi inayi kuti apume pantchito, anapereka ndalama yomaliza. Kalaliki uja anali atapuma kale, ndipo amene anawapatsa chikalata cha nyumba anali munthu wina amene sankadziwa n'komwe kuti akugwira zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi za moyo wa anthu awiri. A Pamwezi anachilowetsa m'malaya, pachifuwa, n'kuyenda wapansi msewu wonse wa kwawo, pang'onopang'ono, mutu uli m'mwamba. Ulendo uno sanafune kuti wina awaone. Zinawakwanira kuti akudziwa okha.

Pakhomo anapeza katani yatsopano. Akazi awo anali atalumikiza zidutswa zonse za m'chitini zija, zazifupi m'munsi, zazitali m'mwamba, n'kuzisokerera pa nsalu yoyera mizere mizere. A Pamwezi anaigwira ndi nsonga za zala, kuopa kuidetsa ndi girizi.

Lamlungu lotsatira mlamu uja anabwera, imvi zili mbuu, koma pakamwa pasanakalambe.

"Odi! Alonda alipo?"

"Anawachotsa ntchito, alamu. Mwapeza eni ake. Vulani chipewa."

Mlamuyo anawerenga chikalatacho, ndipo chipewa anavuladi. Atakhala pansi anatulutsa pepala m'thumba mwamanyazi. Mwana wake wamkulu ankafuna kutenga ngongole ya nyumba, ndipo banki inamupatsa njira ziwiri.

"Iyi ikuoneka yabwino, alamu. Taonani, pamwezi ndi zochepa kwambiri."

A Pamwezi anavala magalasi, anatembenuza tsamba, chala chawo chakuda chikutsikira kumunsi.

"Za pamwezi tazimva. Zonse pamodzi ndi zingati?"

Kuseri kwa katani kunamveka kuseka kwa telala, ndipo makina anayambanso kulira.

Masiku ano mabanki amalemba za pamwezi ndi zilembo zazikulu ngati chikwangwani, za moyo wonse n'kuzibisa kumunsi ngati nyerere, ndipo anthu amathamangira kusaina kuti akamange mageti. A Pamwezi anaphunzira ndi thukuta lawo kuti kamene kamaoneka kochepa pamwezi kakhoza kumeza zaka za munthu iye akumwetulira, ndiponso kuti kochepa komweko, ukakatembenuza, kamakugulira nyumba. Mtolo umene unatsala pang'ono kuwathyola msana unamangidwa ndi timitengo ting'onoting'ono, ndipo umene unawaombola unamangidwa chimodzimodzi. Akuluakulu sananame pamene anati pang'onopang'ono ndi mtolo.