Dzira Lachitatu la Chimwamame

Kalekale, kale kwenikweni, m'mawa wina mame asanaume, Gwedeza ndi mkazi wake Nachisale ankakangana m'nyumba mwawo. Zipupa zitatu zinali zomata ndi dothi. Chachinayi chinali cha bango lokhalokha, ndiye mawu onse ankatulukira pamenepo.

"Mumaliza liti kumata, bambo inu? Mphepo ikungolowa ngati m'khola."

"Dothi latha, Nachisale. Chulu chonse ndakumba. Ndimate ndi chiyani, ndi pakamwa pakopo?"

"Ndinakutumani ndine kuti mukumbe mpaka pansi?"

"Suja unkalira kuti chiswe chikudya mizati? Ndinatulutsa manthu wake, nkhuku zako zinadya. Wayiwala kale?"

Kuseri kwa bango kuja kunali wina amene ankamva zonsezi. Sanali munthu. Chinali chimwamame.

Khala bwino, mwanawe, ndikuuze za chimwamame, poti sudzachiona. Kukula kwake ngati mwana wa mbuzi. Mano chinalibe. Chinkanyambita mame basi, ndipo pamsana pake pankamera ndere. Chilimwe chonse zimwamame zinkakhala pamwamba pa phiri, pomwe nkhungu sichoka. Mitambo ikayamba kuda, zonse zinkatsika, zitakhwima. Zinkayenda m'mawa mokha. Dzuwa likakwera zinkadzikwirira m'dothi. Pomwe chagona chimwamame pansi pankanyowa, ndipo chinyezi chimenecho ndi chomwe chinkasunga zitsime.

Ulendowo unali umodzi moyo wonse. Chikafika, chinkaikira mazira atatu m'chulu chomwe chinabadwiramo, china ayi. Chikaikira, n'kufa. Chiswe ndiye chinkafunditsa mazirawo, ndipo ankaswa tsiku lotuluka ngumbi. Tiana tinkadya ngumbizo, zamoyo, kamodzi kokha, n'kupeza mphamvu zokwerera phiri.

Koma chaka chimenecho mudzi wonse unali utayamba kumata nyumba. Uyu khasu paphewa, ku chulu. Uyo khasu paphewa, ku chulu. Zimwamame zinatsika, zinapeza maenje. Zinaima m'mbali mwa maenjewo, zinaima, zinaima, mpaka zinauma. Chinatsala chimodzi. Chomwechi.

Chinayandikira pa bango paja. "Odi. Kwathu kuli kuti?"

Mkangano unadukira pomwepo. Onse awiri anatuluka.

"Fungo la kwathu ndikulimva m'zipupa zanuzi," chinatero. "Koma polowera sindikupaona."

Gwedeza anayang'ana zala za kumapazi kwake. "Tsidya la mtsinje kuli chulu china. Ndikunyamule."

"Chiswe cha kumeneko sichindidziwa. Chingadye ana anga."

Dzuwa linakwera. Chimwamame sichinadzikwirire. Chinaikira mazira atatu pakhonde, pafumbi, n'kuyang'ana Nachisale.

"Mayi, inu munaberekapo. Yesani."

Chitangotero, chinauma.

Nachisale anayesa. Dzira loyamba analikwirira m'phulusa lofunda, pambali pa mafuwa. Linapsa.

Lachiwiri analiika pansi pa thadzi lofungatira. Thadzi linaliyang'ana ndi diso limodzi, n'kulijompha.

Lachitatu analimanga m'nsalu pamimba pake. Kumunda anali nalo. Kumtondo anali nalo, n'kumasinja pang'onopang'ono ngati wodwala.

"Wasanduka thadzi tsopano?" Gwedeza ankatero. "Ndikumangire chisa?"

"Mangani chipupa kaye."

Koma Gwedeza sanachedwe kusiya nthabwala. Kuchitsime chikho chinali chitayamba kukanda mchenga.

Mvula yoyamba inagwa. M'mawa mwake Nachisale anamva kanthu kakugunda pamimba. Anamasula nsalu. Kanatuluka kakang'ono ngati mbewa, kandere kobiriwira pamsana. Kanatsegula kukamwa.

"Ngumbi," kanatero.

Gwedeza anathamangira ku dzenje lija anakumba. Munali matope okha. Ngumbi zikanachokera kuti, manthu atadyedwa ndi nkhuku?

Anawoloka mtsinje. Kumeneko ngumbi zinali zitatuluka dzulo lake, anthu atatola kale, atakazinga, atathira mchere. Anapempha zodzaza dzanja limodzi, n'kubwerera akuthamanga. Kamwanako kanazinunkhiza, n'kutembenuka.

"Ngumbi," kanatero.

Nachisale anakapatsa phala. Kanakana. Anafinya mkaka wa m'bere lake pa chala. Kanakana. Anakanyamula m'mamawa kukakaika pa udzu wa mame. Kananyambita pang'ono, koma mame okha sakweza mwana phiri.

Tsiku lachitatu kanadzuka kokha. Palibe anakaonetsa njira, koma kanaloza kuphiri. Kanayenda kuchoka pakhonde mpaka pankhokwe. Kanagwa. Kanadzuka. Kanadutsa nkhokwe pang'ono. Kanagwanso, ndipo sikanadzukenso.

Gwedeza anakakwirira ndi khasu lomwe lija.

Chaka chotsatira mitambo inada, koma m'phiri simunatsike kanthu. Mvula ikagwa, madzi ankangothamanga pamwamba n'kupita. Chilimwe chisanafike pakati, m'chitsime munali fumbi.

Ukuona, mwanawe, pamenepa panalibe woipa mtima. Wina ankafuna nyumba yosalowa mphepo. Wina ankafuna mkazi wake asiye kulira. Ndiye iwe ukadzanyamula khasu kupita pa chinthu chomwe sunaumbe ndiwe, udzayambe wafunsa kuti mumagona ndani. Ukadzafunsa utakumba kale, ngakhale uchite kumanga dzira pamimba, sizidzathandiza.

Masana ena Nachisale anakazinga chimanga, poti madzi ophikira panalibe. Anachithira m'mbale.

"Bwerani mudye, bambo."

"Nanga osamba m'manja?"

"Pukutani pa malayapo."

Gwedeza anapukuta. Anakhala pansi onse awiri, mbale pakati, n'kuyamba kutafuna.

Yanga nthano ndi yomweyo, yathera pomwepo.