Kapitawo M'khola la Nangondo

Ku Mtengowamawu akatswiri anali atatsimikiza kale pa sikelo kuti chinthu chikatamandidwa chimafufuma, chikanyozedwa chimanyala. Choncho anthu akumeneko ankasamala pakamwa.

Nangondo, mayi wogulitsa masamba, anali ndi mbuzi imodzi yokha. Ankaiyamikira m'mawa uliwonse mpaka inanenepa mochititsa kaso. Tsiku lina kapitawo wa msika, a Chimbalanga, anatulukira ndi chingwe m'manja.

"Mbuzi ija ndikuifuna pa ukwati wa mwana wanga. Mukakana, pamsika musadzapondenso."

Nangondo anagwada. "Tingakane ife, bwana? Kungoti imeneyi imagunda anthu wamba. Lowani muigwire nokha."

A Chimbalanga atangolowa m'khola, Nangondo anayamba kuwomba m'manja.

"Njovu yathu! Mthunzi wa amasiye! Phiri losakwereka!"

Lamulo la akatswiri bwanayo ankalidziwa bwino, koma mawu okoma chotere angawadule ndani? Anangoima akumwetulira, mabatani a malaya akuthothoka. Pamene ankati atuluke, mimba inakana pakhomo.

"Mayi, ndinyozeniko pang'ono!"

"Ine kunyoza akuluakulu? Makolo anga sanandilere choncho, bwana."

"Mbuzi ndaisiya, ndikulumbira! Kaitaneni anthu!"

Msika wonse unakhamukira kukholako, ndipo palibe amene anasowa chonena. Ogulitsa tomato anayamba, a usipa n'kulandira, a makala n'kumaliza. A Chimbalanga anakuwa kuti zakwana, koma mawu awo anali atachepa kale moti sanamveke.

Anatulukira pa kabowo kolowera nkhuku.